Chinangwa cha M'malire

"Ababa, kodi amene amanena mtengo wa nandoloyo, munda wawo uli kuti?"

Esteri anafunsa funso limeneli ali ndi zaka zisanu ndi ziwiri, ataima pambali pa sikelo pamsika wa Limbuli, chaka chimene nandolo anakwera mtengo mpaka anthu kumamuperekeza kumsika ngati mkwatibwi. Bambo ake, a Isake, anaseka. Venda amene ankayeza thumba lawo anasekanso, nati mwanayu adzakhala loya. Palibe anamuyankha, pakuti tsiku limenelo funsolo linalibe ntchito. Kilo imodzi ya nandolo inkagula sopo, mchere ndi shuga, chenji n'kutsala. Munthu akakhuta safunsa kuti waphika ndani.

A Isake anali munthu wosapupuluma. Anathyola tiyi pa esiteti zaka khumi ndi zisanu, nakhala kapitawo zaka zina zinayi, mpaka msana unayamba kukana. Atasiya ntchito anakakhazikika kwa akazi awo, a Cecilia, kumudzi wina kuseri kwa Limbuli, kumene minda ya anthu imathera pomwe tiyi wayambira. Malo kumeneko ndi ochepa. Munda wa a Cecilia sunkakwana ekala, ndipo kumunsi kwake unagundana ndi wa a Joice, mayi wamasiye wa ana atatu, wolimbika pa khasu komanso wakuthwa pakamwa.

Pakati pa minda iwiriyo panali mzere umodzi waukulu wa chinangwa. Mzerewo sunali wa a Cecilia, sunalinso wa a Joice. Amayi awo a awiriwa anabwera limodzi kuchokera ku Milanje, kutsidya ku Mozambique, kalekale, wapansi, ana kumsana, ndi kamtolo kamodzi ka mitengo ya chinangwa pamutu. Atapatsidwa malo anabzala mitengoyo m'malire, naika lamulo. Chinangwa chimenecho sichikumbidwa nthawi ya zokolola. Chimadikira Januwale ndi Febuluwale, ufa ukatha m'nyumba, ndipo pokumba pamayenera kukhala anthu a nyumba zonse ziwiri: phata ili la uku, lotsatira la uko. Wokumbayo asanachoke amadula mtengo wa chinangwacho n'kuubzalanso pomwepo. Motero mzerewo sunathepo. Chinali chinangwa chosawawa, cha khungu lofiirira, chotha kukhala m'nthaka zaka ziwiri osaola, ndipo anthu ankangochitcha chamalire. Pa njala ya 2002 midzi inalira, koma nyumba ziwirizo sizinaike maliro.

Chaka cha mtengo wabwino chija kunabwera mlangizi wa bungwe lina, dzina lake Felix, pa njinga yamoto yofiira. Anasonkhanitsa anthu pansi pa mango a kutchalitchi, nawauza kuti ku India kuli anthu ochuluka ngati mchenga, ndipo onsewo sagona osadya nandolo. Anati zombo zikudikira kudoko, m'mimba muli pululu. Anati vuto la mlimi wa kuno ndi kusakaniza: chimanga pomwepo, nandolo pomwepo, maungu, chinangwa, munda kumaoneka ngati dzala. Wofuna kulowa pamsika wa dziko lonse alime nandolo payekha, m'mizere yoyera. Anakhazikitsa kalabu, ndipo popeza a Isake ankadziwa kuwerenga komanso anazolowera kuyang'anira anthu, manja onse anakwera pa dzina lawo. Kuyambira tsiku limenelo anali atcheya.

Tinene zoona, a Isake sanadumphire nkhaniyo. Anaisinkhasinkha milungu itatu. Anafunsa mavenda a ku Limbuli, anafunsa oyendetsa malole ochokera ku Limbe, anatchera khutu pa wailesi. Onse ankaimba nyimbo imodzi, yakuti nandolo ndiye golide wa Mulanje. Pamapeto pake anauza a Cecilia kuti chaka chino munda wonse ukhala wa nandolo, chimanga adzagula. A Cecilia anati nandolo ndi ndiwo, si nsima, koma atawaonetsa malata amene anzawo anafolera nyumba, anangoti chitani monga mwaonera.

Felix atabwera kudzaona munda wa atcheya, umene unayenera kukhala wachitsanzo, anaima pa mzere wa chinangwa uja napukusa mutu. Anati alendo akabwera ndi makamera awo adzajambula chiyani, tchire? Anatinso chinangwacho chikuba malo a nandolo wa thumba lathunthu.

Sabata imeneyo a Cecilia anali kuchipatala cha Mulanje Mission, kudwazika mng'ono wawo. A Isake analawira ndi khasu m'mawa wina wa mu Novembala, mitambo ya mvula yoyamba itayamba kuunjikana pa phiri, nakumba mzere wonsewo, mapata makumi anayi. Sanafune kudyera munthu. Anagawa chinangwacho milu iwiri yofanana, chachikulu uku chachikulu uko, nanyamula mulu umodzi pa wilibala kupita nawo pakhomo pa a Joice. Mitengo yake anaiunjika pamodzi ndi zinyalala za m'munda n'kuyatsa moto.

A Joice anali pakhonde, kusankha nyemba. Anayang'ana wilibala, anayang'ana a Isake, kenaka anayang'ana utsi umene unkakwera kumunsi kwa munda.

"Aneba, gawo lanu ili," anatero a Isake. "Ndagawa pakatikati."

"Nanga mitengo?"

A Isake anati mitengoyo ayatsa, poti inali yongodzaza malo. Anayamba kufotokoza za India ndi zombo, koma a Joice anaika lichero pansi pang'onopang'ono ngati muli mazira.

"Atcheya, mwakhala pamudzi pano zaka zingati? Mukuyesa chinangwa ndi ichi mwandikankhirachi? Ichi ndi chakudya cha masabata awiri. Chinangwa ndi chomwe mwaotchacho."

A Isake anati ndi ndalama za nandolo adzagula mbewu ina, ngakhale ngolo yathunthu.

"Mukagula kuti? Sitolo yake iti? Mayi anga anaoloka nayo mtsinje wa Muloza madzi ali m'chiuno. Inu munabwera pano ndi sutukesi, bambo a Esteri. Mzere uja munaupeza."

Mawu amenewo anawalasa, chifukwa mkamwini sakonda kukumbutsidwa kuti ndi mkamwini. Anakhuthula chinangwacho pansi nabwerera. Ali m'njira anaona a Joice akuthamangira ku utsi kuja, chitenje atakwinyira m'chiuno, n'kuyamba kutokosa phulusa ndi khasu. Anaganiza kuti akufuna zikuni, ndipo mumtima anati mayiyu ndi wosamva za chitukuko.

Kuchokera tsiku limenelo moni anafa pakati pa a Isake ndi a Joice. A Cecilia atabwera kuchipatala anakaima pamalire nthawi yaitali, manja kumbuyo. Anabwerera kunyumba, naphika, nadya, osatchulapo kanthu. Kukhala chete kwawo kunkawawa kuposa pakamwa pa a Joice.

Nandoloyo anachita bwino, zimenezo palibe angatsutse. Anakula kupitirira munthu, anachita maluwa achikasu munda wonse, ndipo chiperoni cha mu Juni chinamupatsa chinyontho chokwanira. Alendo a makamera anabweradi, najambula a Isake atagwira nthambi yolemera ndi zitheba. Pomenya ndi kupeta anapeza matumba asanu ndi anayi. Anawasanja m'chipinda chochezera, pamwamba pa njerwa, ndipo aliyense wolowa m'nyumbamo ankayamba wawaona.

Mu Ogasiti wa 2017 a Isake anakweza thumba limodzi pa njinga kupita ku Limbuli kukayesa msika. Anapeza masikelo ambiri atapachikidwa opanda kanthu, malole a ku Limbe kulibe. Venda yemwe uja, amene anati Esteri adzakhala loya, anali atakhala pa thumba lopanda kanthu akutokosa m'mano.

"India watseka chitseko, madala," anatero. "Handiredi kwacha pa kilo. Mukakana, mawa ndi eyite."

Chaka chapitacho venda yemweyo ankagula kasanu ndi kamodzi kuposa pamenepo, ndi kuwagulira fanta. A Isake anafunsa kuti watseka chifukwa chiyani, nandolo wathu walakwa chiyani. Venda anati iye sakudziwa, wangouzidwa pa foni ndi bwana wake, ndipo bwana wakeyo wauzidwa pa foni ndi bwana wina. A Isake anatembenuza njinga nabwerera ndi thumba lawo.

A Joice, amene anabzala nandolo wawo pakati pa chimanga monga mwa kale, anagulitsa matumba awo awiri sabata yomweyo, akutukwana njira yonse, nagula chimanga chowonjezera. A Isake anasonkhanitsa kalabu nauza anthu kuti asatengere zimenezo. Wailesi inali itanena kuti akuluakulu ayamba kukambirana, ndipo zokambiranazo zikuyenda bwino. Anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Anthu makumi awiri ndi atatu anawamvera, nasunga nandolo wawo.

Seputembala anadutsa. Wailesi inati nthumwi zanyamuka. Okutobala anadutsa. Wailesi inati nthumwi zabwera ndi chiyembekezo, ndipo zidzapitanso. Ku Limbuli mtengo unatsikirabe, mpaka wa kabaza ankakana kunyamula thumba poti ulendo unkadula kuposa katundu. Felix anayamba kuchepetsa maulendo, foni yake n'kumangolira osayankhidwa.

Ndipo munalowa anankafumbwe. Masana kukakhala zii, a Isake ankamva m'matumba muja muli kuteketa, kaphokoso kakang'ono ngati mvula yowaza pa udzu. Pansi pa matumba panayamba kugwa ufa woyera. Anayanika nandoloyo padzuwa, anasakaniza ndi phulusa, koma tizilomboto tinkangobwerera. Mankhwala ake ankafuna ndalama imene nandoloyo sakanaibweza. Chimanga chochepa chimene anagula pogulitsa mbuzi chinkatha, ndipo m'nyumbamo munali nandolo m'mawa, nandolo masana, mpaka Esteri ankayang'ana mbale n'kutembenukira kukhoma. A Cecilia anayamba kulawira ku esiteti kukapempha ganyu yothyola tiyi, ntchito yomwe amuna awo anaisiya n'kulumbira. Kumsika anthu a m'kalabu ankawapatsa moni wakuti, atcheya, nthumwi zafika pati lero? A Isake ankayankha moniwo mwaulemu, koma njinga ankaipalasa mofulumira.

Chimene chinkawadya kwambiri sichinali chitonzo. Januwale anali pafupi. Chaka chilichonse akafika pamenepa munthu ankayang'ana kumunsi kwa munda n'kupuma, podziwa kuti pansi pali chakudya. Tsopano pamalire panali zitsa za nandolo zokhazokha, ndipo sanalande nyumba yawo yokha, analandanso ana a a Joice.

Kumayambiriro kwa Disembala Felix anatulukira, ataonda pang'ono nayenso. Anati ku boma kukhala msonkhano womva maganizo a alimi, chifukwa nthumwi zikupita ku zokambirana zazikulu za malonda a maiko onse, ndipo atcheya akayankhule m'malo mwa kalabu. Anawapempha kuti akayankhule mwachidule komanso molimbikitsa. A Isake anavala jekete lawo la kutchalitchi. Asanatuluke anatapa nandolo m'thumba la pansi, nadzaza kachitini ka mkaka, nakaika m'thumba la jekete.

Msonkhanowo unali m'holo ya loji ina. Matebulo anali ndi nsalu zoyera, pa mpando uliwonse botolo la madzi ndi maswiti awiri. Pakhomo aliyense ankalandira tisheti. Kutsogolo kunakhala bwana wina wa imvi wochokera ku Lilongwe, mmodzi wa nthumwizo, ndi mayi wina amene ankalemba zonenedwa pa pepala lalikulu lopachika pakhoma.

Bwanayo analankhula mofatsa, ndipo sanali munthu wonyada. Anafotokoza kuti alimi a ku India anakolola nandolo wambiri chaka chimenecho, mtengo unagwa kwawoko, iwo anadandaula, ndipo boma lawo linachepetsa wolowa kuchokera kunja. Aka kanali koyamba a Isake kumva chifukwa chake, patatha miyezi inayi. Anadabwa kuti mtima wawo sunakwiyire mlimi wa ku Indiayo. Anamuona m'maganizo, munthu wa msana wopweteka ngati iwo, ataima pa sikelo. Kusiyana kunali kumodzi, kuti uyo atalira kunapezeka womumva.

Itafika nthawi yawo anaimirira, napita kutsogolo, natsegula kachitini kaja n'kukhuthulira pa nsalu yoyera. Nandoloyo anali wobookabooka ngati sefa. Anankafumbwe anatuluka mu ufawo n'kuyamba kuyenda, ena kulowera ku mapepala a bwana, ena kukwera botolo la madzi. Mayi wolemba uja anabwerera m'mbuyo.

"Bwana, uyu ndi nandolo wa munda wachitsanzo. Chithunzi chake chili pa kalendala ya bungwe. Ndabwera naye kuti naye amve zokambirana, poti wakhala akuzidikira kuyambira Ogasiti."

Ena anaseka, koma a Isake sanaseke. Anati iwo anathyola tiyi zaka zambiri, ndipo mtengo wake unkanenedwa ndi anthu amene sanalumidwepo ndi udzudzu wa m'tiyi. Anati ankayesa kuti nandolo ndi wosiyana, poti munda ndi wawo, khasu ndi lawo. Anati katundu wa maiko enawo akamabwera kuno timauzidwa kuti msika ndi waufulu, chitseko chikhale chotsegula, koma wathu akafika kwawo amapeza chitseko chili ndi loko, kiyi ali m'thumba mwa mwini nyumba. Pouzidwa kuti tizule chinangwa panabwera njinga yamoto mpaka pamunda. Potseka chitseko sipanabwere ngakhale kakalata.

"Mwana wanga anandifunsa funso ndipo ndinamuseka. Lero ndikufunsa inu. Amene amanena mtengo wa nandoloyo, munda wawo uli kuti?"

Anthu anaomba m'manja. Mayi uja anavundukula cholembera chake nalemba pa pepala paja mawu atatu: kusowa kwa misika. A Isake anawawerenga mawuwo kawiri. Mbuzi yawo, mzere wa chamalire, akazi awo m'mizere ya tiyi, zonse zinakwana m'mawu atatu, ndipo pansi pake panatsala malo ambiri.

Bwana wa imvi anachotsa nankafumbwe pa dzanja la malaya ake, mosamala, osamupha.

"Bambo, ndikuyankhani zoona. Alibe munda. Ali ndi zombo, nkhokwe ndi mafoni." Anapitiriza kunena kuti kumisonkhano kumeneko iwo amapita anthu owerengeka, pamene maiko olemera amabwera ndi chikhamu cha akatswiri, ndipo nkhani zikuluzikulu zimapsa m'zipinda zimene iwo amangomva fungo lake ali pakhonde. Nkhani ya nandolo, anatero, mwina sikafika n'komwe pa tebulo.

"Ndiye pa wailesi munkati zikuyenda bwino chifukwa chiyani?"

Bwanayo anayang'ana pansi. Anati mawu amenewo amanenedwa kuti anthu asataye mtima.

"Mtima sitinataye, bwana. Tinagwira mawu anuwo ngati chingwe, ine ndi mabanja makumi awiri ndi atatu. Mukanangonena kuti kulibe kanthu, tikanagulitsa mu Ogasiti tizilomboti tisanadye."

Felix, pofuna kukonza zinthu, anaimirira nati tisayang'ane m'mbuyo, pakuti bungwe lapeza msika wina wodalirika, wa chitowe, ndipo alimi ofuna kupindula ayenera kuchilima pachokha. A Isake anamuyang'ana nthawi yaitali. Sanamuone ngati munthu woipa. Anamuona ngati venda wa ku Limbuli uja, wongouzidwa pa foni. Anapinda tisheti ija bwinobwino, naiika pafupi ndi nandolo wofumbwayo, natuluka chakudya cha masana chisanafike.

Mvula inagwa tsiku lomwelo, yeniyeni, yonunkhiritsa dothi. M'mawa mwake a Isake anatenga khasu napita kumalire. Anazula zitsa za nandolo zimene zinali zitayamba kuphukanso, chimodzichimodzi, naunda mzere waukulu monga unalili kale, kuyambira pa mwala wa kumtunda mpaka pa ngalande. Analibe choti abzalepo. Ankangodziwa kuti mvula sidikira munthu, ndipo mzerewo ukapanda kubzalidwa mwezi uno ndiye kuti chaka chinanso chapita.

A Joice anali m'munda mwawo, kubzala chimanga. Anawasiya mpaka mzere utatha, kenaka anatsamira khasu lawo.

"Atcheya, mwayamba kuzula golide? Ku India akamva simumangidwa?"

Aka kanali koyamba kuwalankhula patatha chaka ndi mwezi. A Isake anavula chipewa. Anati utcheya autula. Anati mawa alawira wa ku Milanje pa njinga, akayenda mudzi ndi mudzi kufunsa ngati kuli wina amene akadali ndi mbewu ya chinangwa chofiirira chija, ndipo sabwerera chimanjamanja.

"Mukafunsa ndani? Mudzi wa amayi unabalalika ndi nkhondo. Mukangotha matayala." A Joice anapukuta manja pa chitenje. "Nanga mabwana anu anati chiyani?"

"Anati amene amanena mtengo alibe munda."

"Mpaka kuvala jekete kuti mukamve zimenezo?"

A Isake anaika khasu pansi. Anayang'ana mzere wopanda kanthu uja, kenaka anati, "Aneba, ndinalakwa. Ndinagawa chapansi n'kuotcha chenicheni. Sindinalakwire inu nokha, ndinalakwiranso amene anachisenza."

A Joice anawayang'ana kuyambira kumutu mpaka ku zidendene zamatope, ngati akuyeza thumba limene akulikayikira. Kenaka anati abwere, ndipo atenge chikwanje.

Anawatsogolera kuseri kwa nyumba yawo, kumbuyo kwa bafa la udzu, kumene mwamuna wa nyumba ina safikako. Pamenepo, pomwe madzi osamba amatsikira, panali mapata anayi a chinangwa, aatali kupitirira mpanda wa bafalo, masamba ake obiriwira, mitengo yake yofiirira. A Joice anati tsiku la moto lija anatola zidutswa khumi ndi chimodzi m'phulusa, zina zikutentha m'manja. Zisanu ndi ziwiri zinafa. Izi zinayi zinakana kufa.

A Isake anagwira mtengo umodzi ndi zala ziwiri, monga ankagwirira nsonga ya tiyi. Anafunsa ngati a Cecilia akudziwa.

"Mukuyesa ankathirira ndani m'chilimwe ine nditapita ku maliro ku Chonde? Anati ndisakuuzeni mpaka mudzaunde mzere ndi manja anu. Mukanabwera ndi ndalama ndikanakuthamangitsani ndi chikuni. Mbewu iyi sigulidwa. Dulani, koma mosamala, si nkhuni."

Anadula. Mapata anayiwo anapereka zidutswa makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi, pamene mzere unkafuna makumi anayi. A Cecilia anatulukira osaitanidwa, khasu paphewa, nkhope yosaonetsa kanthu, ndipo atatuwo anabzala motalikitsa, kusiya mipata yodzadzaza chaka chamawa. Chinangwa cha pansi pa mapata anayi aja a Joice anati chikhale kaye, ndi cha Febuluwale, ndipo pokumba padzakhale nyumba zonse ziwiri. Onse ankadziwa kuti n'chochepa. Chobzalidwa lerocho sichikanadyedwa chaka chisanathe, ndipo njala ya chaka chino inali kale pakhomo.

Atafika pa ngalande a Isake anatsindira dothi la phata lomaliza ndi chidendene, naimirira atagwira msana.

"Aneba, abwere wa njinga yamoto, abwere wa ndege, anene mtengo umene anganene. Khasu langa silidzakhudza mzere uwu inu musanaime apo."

"Ndipo mukakumba?"

"Ndibzala ndisanachoke."

A Joice anagwedeza mutu, nakoloweka khasu paphewa.

"Chabwino. Nane ndikuti, mpaka ichi chikhwime, Esteri sagona ndi njala ufa uli m'nyumba mwanga. Nandolo wanu wa ku Indiayo mupete bwino, tizigawana, ndi ndiwo ndithu. Mawa a Cecilia abwere ndi lichero."